Kuzindikira swiswiri ndi abale ake: yambirani pa mano

Kanyama kotuwa kakadutsa m'masamba ouma, ambiri amangoti ndi mbewa. Koma kakakhala ndi mphuno yaitali yosongoka, timaso ting'onoting'ono tobisika mu ubweya ndiponso kafungo kamphamvu, ameneyo ndi swiswiri, ndipo chibale chake ndi mbewa n'chakutali zedi. Mleme, mkango ndi ng'ombe ndi abale apafupi a swiswiri kuposa mbewa, pomwe mbewayo ili kufupi ndi nyani komanso munthu. Wofuna kuphunzira za tinyamati akaphonya poyambira pomwepa, zotsatira zake zonse zimasokonekera: msampha autchera ngati wa mbewa, nyambo aika ya mbewa, ndipo kukacha apeza kanyama katafa.

Banja la aswiswiri, lomwe asayansi amalitcha Soricidae, lili ndi mitundu yoposa 400. Amapezeka ku Africa, ku Asia, ku Ulaya ndi ku North America. Ku South America ali chakumpoto kokha, ndipo ku Australia, New Zealand ndi Antarctica kulibeko. Ubweya, kukula ndi mtundu wa khungu zimanamiza kwambiri pa tinyamati, moti ngakhale akatswiri amasokoneza mitundu ikakhala yamoyo. Chodalirika ndi mano, nsagwada ndi DNA.

Kanyama kali m'manja

Valani magolovesi kaye. Aswiswiri ena amakhala ndi mavairasi: wa Thottapalayam, wa m'gulu la hantavirus, anapezeka mwa swiswiri wa m'nyumba ku India mu 1964, ndipo ku Germany swiswiri wotchedwa Crocidura leucodon amasunga vairasi ya Borna, yomwe imatha kupha munthu. Mitundu ingapo ili ndi malovu a ululu, monga Blarina brevicauda wa ku North America ndi Neomys fodiens wa m'mitsinje ya ku Ulaya ndi Asia. Akakuluma sungafe, koma chala chimawawa ndi kutupa.

Kenako werengani zala zakutsogolo. Swiswiri ali nazo zisanu, zonse zazikhadabo. Mbewa ili ndi zinayi ndi kachala kachisanu kongotumphuka. Mphuno ya swiswiri imapitirira kutali mlomo wam'munsi, imagwedezeka uku ndi uku, ndipo ndevu zake zimayambira mpaka kunsonga. Maso a mbewa ndi aakulu, otong'oka pang'ono, pomwe a swiswiri muchita kuwafunafuna. M'mbali mwa thupi, pakati pa mwendo wakutsogolo ndi wakumbuyo, muli kachiwalo kotulutsa fungo, kamene kamaonekera bwino pa amuna okhwima ngati kadera ka ubweya wonata. Fungo limeneli ndilo limachititsa kuti mphaka aphe swiswiri n'kumusiya pomwepo osamudya.

Mchira umathandiza kugawa magulu. Upenyeni mouloza ku kuwala: ngati pakati pa ubweya waufupi pali titsitsi titalititali toima patalipatali, makamaka chakutsinde, ndi wa gulu la Crocidura kapena Suncus. A gulu la Sorex, Myosorex ndi Sylvisorex alibe titsitsi timeneti.

Miyeso yofunika ndi isanu: thupi kuyambira kunsonga ya mphuno kufika patsinde la mchira, mchira pawokha, phazi lakumbuyo osawerengera chikhadabo, khutu, ndi kulemera. Poyeza kulemera, ikani kanyamako m'kathumba, muyeze pa sikelo yotha kuwerenga magalamu 0.1, kenako muchotsere kulemera kwa kathumbako. Sikelo yoyambira pa galamu imodzi siyokwanira, chifukwa wamng'ono kwambiri pa onse, Suncus etruscus, amalemera pafupifupi magalamu 1.8 ndipo thupi lake ndi la masentimita 4 okha. Wamkulu, Suncus murinus wa ku Asia, amafika magalamu 100. Musadabwe mukalephera kudziwa ngati ndi wamwamuna kapena wamkazi: machende amakhala m'kati mwa thupi, ndipo kwa ana kunja kumaoneka kofanana. Ndi bwino kulemba kuti sizinadziwike kusiyana ndi kulota. Zonsezi muzimalize m'mphindi zosapitirira zisanu.

Chifukwa chake safuna kuchedwetsedwa

Tengani kabokosi kotalika sentimita imodzi mbali zonse. Kunja kwake kuli malo okwana masikweya sentimita 6 pa kiyubiki sentimita imodzi ya m'kati. Bokosi la masentimita 10 mbali zonse lili ndi 0.6 yokha pa kiyubiki sentimita iliyonse. Ndiye kuti kanthu kakachepa kakhumi, khungu lotayira kutentha limachuluka kakhumi poyerekeza ndi mnofu wopanga kutenthako. Swiswiri ali kumapeto kwenikweni kwa kuchepa kumene nyama yoyamwitsa ingafike, choncho thupi lake limayaka ngati moto wa mapesi, wofuna kusonkhezera nthawi zonse. Mtima wa Suncus etruscus umatha kugunda maulendo 1,500 pa mphindi. Wa munthu wopuma umagunda pakati pa 60 ndi 100.

Sorex araneus, swiswiri wofala ku Ulaya, amadya chakudya cholemera pafupifupi 80 kapena 90 peresenti ya thupi lake tsiku lililonse, ndipo wamkazi woyamwitsa amapitirira pamenepo. Sasunga mafuta ambiri, ndiye amasaka usana ndi usiku, kupuma pang'ono, n'kudzukanso pakatha maola awiri kapena atatu. Akakhala maola ochepa osadya amafa. Zakudya zake ndi nyongolotsi, akangaude, nkhono, mphutsi ndi tizilombo touluka ndi tokwawa. Chimanga, mtedza ndi njere zina zimene mbewa imakhalira moyo sizimuthandiza.

Pali kusiyana kofunika pakati pa magulu awiri akuluakulu. Aswiswiri a mano ofiira, a Soricinae, thupi lawo limayaka mofulumira kwambiri ndipo ambiri satha kulizizitsa. A mano oyera, a Crocidurinae, limayaka pang'onopang'ono, ndipo chakudya chikasowa kapena kukazizira amatha kutsitsa kutentha kwa thupi kwa maola angapo n'kugona ngati akufa. Mukapeza Crocidura ali zii, wozizira, musathamangire kunena kuti wafa. Muikeni m'kansalu kouma, mumufunditse m'manja kapena m'thumba la malaya kwa mphindi khumi, muyandikize chakudya. Kawirikawiri amatsitsimuka. Musamuike pafupi ndi moto kapena padzuwa lamphamvu, chifukwa kathupi kotere kamatenthedwa msanga monga momwe kamazizirira msanga.

Kutchera kuti mumupeze wamoyo

Funsani kaye malamulo a dziko limene muli. Ku Britain, mwachitsanzo, lamulo la 1981 loteteza nyama zakutchire limafuna chilolezo kuti munthu atchere aswiswiri, ndipo m'malo otetezedwa pafupifupi kulikonse chilolezo chimafunika.

Misampha ya bokosi, monga ya Sherman ndi ya Longworth, anaipangira mbewa. Vuto lake n'lakuti kanyama ka magalamu 3 kamaponda chofwamphulira osachigwetsa, kudya nyambo n'kutuluka. Musanatchere, yesani msampha uliwonse pokankha chofwamphuliracho ndi kaudzu, ndipo muchifewetse mpaka chizigwa ndi kulemera kwa magalamu awiri kapena atatu. Chikafewa mopitirira chimagwa ndi mphepo kapena ndi nkhono, ndiye mpofunika kuyesa kangapo.

Njira yogwira bwino ntchito ndi ya ndowa zokwirira. Konzani mzere wa mamita 50 wokhala ndi ndowa 11 za malita 20, iliyonse pa mtunda wa mamita 5 kuchokera pa inzake. Kumbani dzenje loti mlomo wa ndowa ufanane ndendende ndi nthaka, ndipo mutsendere dothi m'mphepete kuti pasakhale mpata. Mlomo ukatumphuka ngakhale ndi sentimita imodzi, swiswiri amangoulambalala. Pamwamba pa mzere wonsewo imikani mpanda wa pulasitiki wa msinkhu wa masentimita 50, wodutsa pakati pa mlomo wa ndowa iliyonse, womangirira ku zikhomo. M'munsi mwa pulasitikiyo pindani masentimita 10 ndi kukwirira. Swiswiri saona patali, amayenda motsata m'mphepete mwa chinthu ndi ndevu zake, ndiye akagunda mpandawo amautsata mpaka kugwera m'ndowa. Malo abwino ndi m'mbali mwa chipika chogwa, m'masamba owolerana, m'udzu wothithikana ndi m'mphepete mwa mtsinje.

Zimene zimapha aswiswiri m'ndowa n'zodziwika, ndipo zonse n'zopeweka. Choyamba ndi madzi. Boolani pansi pa ndowa timabowo ta mamilimita 3, osapitirira apo kuopa kuti ang'onoang'ono angatulukire pomwepo, ndipo muike kadenga kokwezeka masentimita 10 pamwamba kotchinga mvula ndi dzuwa. Pamalo a lowe madzi amalowera m'mabowo omwewo kuchokera pansi, choncho pamenepo musaboole, m'malo mwake muikemo kachidutswa koyandama koti kanyama kakwerepo. Chachiwiri ndi kuzizira. Ikani udzu wouma wodzaza dzanja. Thonje silabwino: limayamwa chinyezi, limamatirira ku ubweya ndipo limakola miyendo. Chachitatu ndi njala. Ikani mphutsi zamoyo, nyongolotsi kapena nyama yogayagaya yosachepera magalamu 10 pa ndowa iliyonse, ndipo muzisintha ikayamba kuvunda. Chachinayi ndi anzake: aswiswiri awiri akagwera m'ndowa imodzi, wamkulu amatha kupha ndi kudya wamng'ono. Tizidutswa tiwiri kapena titatu ta paipi yopapatiza timapereka pobisala. Nyerere zoluma zikayamba kulowa, tsekani ndowayo n'kusamukira pena. Mankhwala ophera tizilombo musathire, chifukwa amaphanso chakudya cha kanyamako ndi kanyamako komwe.

Koposa zonsezi ndi nthawi. Yenderani misampha pakatha maola atatu kapena anayi alionse, usiku womwe. Ngati simungathe kudzuka usiku, vundikirani ndowazo madzulo n'kuzitsegula m'mawa. Kutchera madzulo n'kudzaona kukacha, monga amachitira ndi mbewa, n'kupha tinyamati popanda chifukwa, ndipo wophunzira za nyama sayenera kuzolowera zimenezo. Mukamuyeza, dulani kaubweya pang'ono pamsana kuti mudzamudziwe akagwidwanso, ndipo mumumasule pomwe munamugwira. Ntchito ikatha zulani ndowa zonse ndi kufotsera maenje.

Mukakumana ndi mayi akuyenda ndi ana ake atandandalika kumbuyo, aliyense ataluma patsinde la mchira wa mnzake, musawasokoneze. Umu ndi momwe a Crocidura ndi Suncus amasamutsira ana chisa chikaonongeka. Bere lawo limatenga masabata atatu kapena anayi, ana amabadwa opanda ubweya ndi osaona, ndipo amaleka kuyamwa pakatha pafupifupi masabata atatu.

Zolavula za kadzidzi

Pali njira yophunzirira zambiri popanda kugwira kanyama kamoyo ngakhale kamodzi. Kadzidzi salabadira fungo la swiswiri. Amamumeza wathunthu, kenako amalavula ubweya ndi mafupa zitaumbika ngati kambulu. Wothandiza kwambiri ndi Tyto alba, kadzidzi wa nkhope yoyera yooneka ngati mtima, amene iye ndi abale ake apafupi amapezeka pafupifupi m'makontinenti onse. Asidi wa m'mimba mwake ndi wofooka, ndiye mafupa amatuluka osasungunuka. Timibulu take ndi takuda, tonyezimira tikakhala tatsopano, totalika masentimita 3 mpaka 7, ndipo timaunjikana pansi pa malo amene amagona: m'denga la nyumba yosiyidwa, m'phanga kapena m'mphako. Nyengo imene ali ndi mazira kapena ana musayandikire.

Timibuluti timatha kukhala ndi mabakiteriya oyambitsa matenda otchedwa Salmonella. Kulungani kalikonse m'pepala la aluminiyamu, muike mu uvuni wa madigiri 160 Celsius kwa mphindi 40. Kuika mufiriji yozizira kwambiri kumapha njenjete zimene zimadya ubweyawo, koma mabakiteriya sikuwapha. Ngati mukufuna kudzayeza DNA, musatenthe. Gwirani ndi magolovesi ndi chophimba kukamwa.

Sulani kambulu kamodzi panthawi imodzi, pa mbale yoyera. Kanyikeni m'madzi ofunda kwa ola limodzi, kenako mukaphwanye ndi kambaniro ndi singano. Madziwo musangotaya: asefeni pa sefa ya timabowo ta theka la milimita, chifukwa timano ta swiswiri timazuka n'kutsalira pansi. Mafupa ayeretseni powaviika m'mankhwala a hydrogen peroxide a 3 peresenti kwa mphindi 30, muwatsuke ndi kuwaumitsa pamthunzi. Mankhwala oyeretsera zovala okhala ndi klorini amadya fupa, mano amagwa, ndipo pakapita miyezi chigaza chimafumbutuka.

Powerenga kuti munali tinyama tingati, musaphatikize mafupa onse. Patulani nsagwada zam'munsi zakumanja ndi zakumanzere, muwerenge gulu lililonse palokha, ndipo mutenge nambala yaikuluyo. Zakumanja zikakhala 3, zakumanzere 2, ndiye kuti munali aswiswiri osachepera atatu. Kumbuyo kwa chigaza nthawi zambiri kumakhala kophwanyika, koma mbali yakutsogolo yokhala ndi mano imatsala, ndipo ndi imeneyo mukuifuna. Ntchito yooneka yonyozekayi imatulukira zinthu zenizeni: ku Ireland, swiswiri wachilendo Crocidura russula anadziwika kuti wafika m'dzikomo mu 2007 kudzera m'zigaza zopezeka m'zolavula za mbalame zolusa, ndipo kumene wafalikira, Sorex minutus wa komweko akuzimiririka.

Kuwerenga chigaza

Mufunika galasi lokulitsa kakhumi ndi kuwala kokwanira. Chigaza cha mbewa chili ndi mano awiri akuluakulu akutsogolo onga tchizulo, kawirikawiri achikasu, kenako mpata waukulu wopanda dzino, kenako mano atatu otafunira mbali iliyonse. Onse pamodzi ndi 16. Cha swiswiri ndi chachitali, chopapatiza, mano ake ndi osongoka ndipo andandalika popanda mpata, 26 mpaka 32. Fupa lopindika la patsaya, lomwe pa mbewa limaoneka ngati chogwirira cha kapu mbali zonse ziwiri, pa swiswiri palibe. Sikuti lathyoka: amabadwa alibe. Pansi pa chigaza palibenso timatumba ta fupa tokuta khutu, pali kamphete kokha, komwe kamatayika msanga.

Tembenuzani nsagwada yam'munsi muone kumbuyo kwake. Nyama zambiri zoyamwitsa zili ndi mfundo imodzi yolumikizira nsagwada ku chigaza. Swiswiri ali ndi malo awiri olumikizira, lina pamwamba lina pansi, ndipo zimenezi zimalola nsagwada kusuntha chamtsogolo kuti mano akutsogolo agwire ngati kambaniro. Chizindikiro chimenechi ndi cha banja lokhali, ndipo akatswiri a mafupa akale amachidalira kwambiri.

Tsopano mano apamwamba. Loyamba ndi lalikulu, lokhota ngati mbedza, ndipo lili ndi nsonga yachiwiri kumbuyo kwake. Apa ndi pamene oyamba kumene amalakwitsa, poliwerenga ngati mano awiri. Pambuyo pake pali timano ting'onoting'ono ta nsonga imodzi. Kenako pali dzino lalikulu lodulira, ndi mano atatu otafunira amene pamwamba pake pali mizere yakuthwa yooneka ngati chilembo W. Muwerenge timano ta nsonga imodzi tokha, tapakati pa mbedza ija ndi dzino lodulira. Tikakhala titatu ndi Crocidura, ndipo mano onse ndi 28. Tikakhala tinayi pa mano oyera ndi Suncus kapena Sylvisorex, mano 30, kapenanso Myosorex, amene ali ndi kadzino kena kowonjezera kunsagwada yam'munsi. Tinayi pa mano ofiira ku Ulaya ndi Neomys. Tisanu ndi Sorex, mano 32. Kadzino komalizira nthawi zambiri kamakhala kakang'ono kwambiri ndipo kamabisala m'kati mwa mzere, moti poyang'ana cham'mbali simukaona. Gadamitsani chigazacho muyang'ane kuchokera kumkamwa. Mano akakhala atazuka, werengani mabowo ake, koma mukumbukire kuti mano akuluakulu ali ndi mizu ingapo.

Kufiira kwa nsonga za mano kumachokera ku ayironi amene ali m'chikuto cholimba cha dzino, ndipo kumapezeka pamalo amene dzino limakhuzika kwambiri. Pali misampha iwiri apa. Swiswiri amataya mano a ubwana asanabadwe, ndiye mano amene wabadwa nawo ndi omwewo mpaka imfa, ndipo sakula ngati a mbewa. Wokalamba wa mano ofiira nsonga zake zimaperepeseka mpaka kufiira konse kutha, n'kuoneka ngati wa mano oyera. Pamenepo werengani timano tija, ndipo muone dzino lalitali lakutsogolo lam'munsi: la Sorex lili ndi timabampu pamwamba pake, la Crocidura ndi losalala. Msampha wachiwiri ndi wakuti mitundu ina ya ku Asia ya m'gulu la mano ofiira, monga Chimarrogale ndi Nectogale, ili ndi mano oyera chibadwire. Kuperepeseka komweku ndiko kumakuuzani msinkhu. Ambiri safika zaka ziwiri, ndipo Sorex araneus kawirikawiri amafa atangopitirira chaka chimodzi.

Poyeza chigaza ndi kalipa, kachida kopana koyezera tinthu tating'ono, lembani mwezi umene kanyamako kanafa. Mu 1949 katswiri wa ku Poland, August Dehnel, anaonetsa kuti zigaza za aswiswiri a Sorex zimachepa m'nyengo yozizira. Msinkhu wa chibade umatsika mpaka pafupifupi 20 peresenti, ubongo nawo umachepa, ndipo kukayamba kufunda zimakulanso ngakhale sizibwerera pomwe zinali. Popeza sagona nyengo yonse yozizira monga zichitira nyama zina, thupi laling'ono limachepetsa chakudya chofunika. Wosadziwa zimenezi akhoza kuyerekeza zigaza za miyezi yosiyana n'kuganiza kuti wapeza mitundu iwiri.

Ofanana naye amene si abale ake

Kwa zaka zambiri asayansi ankaunjika tinyama tonse tating'ono todya tizilombo m'gulu limodzi lotchedwa Insectivora. Mu 1866 Ernst Haeckel analigawa pawiri potengera matumbo: tokhala ndi kathumba kapadera polumikizana matumbo aang'ono ndi aakulu, ndi topanda kathumbako. Koma chisokonezo chenicheni chinatha m'zaka za m'ma 1990, DNA itayamba kuyezedwa. Zinapezeka kuti sakhwi wa miyendo italiitali, kanyama kotchedwa tenrec ka ku Madagascar ndi mfuko wa ubweya wonyezimira wa banja la Chrysochloridae ndi abale a njovu ndi mbira ya m'matanthwe, m'gulu lochokera ku Africa lomwe linatchedwa Afrotheria mu 1998. Tupaia, kanyama kofanana ndi gologolo ka m'nkhalango za kum'mwera chakum'mawa kwa Asia, kali kufupi ndi anyani ndi mbewa. Otsala okha, ndiwo swiswiri, kanungu, mfuko wa banja la Talpidae ndi solenodon (kanyama konga swiswiri wamkulu), ndi amene ali pachibale chenicheni, ndipo gulu lawo linapatsidwa dzina la Eulipotyphla mu 1999.

Chimene chinanamiza anthu n'chakuti kathupi kakang'ono, mphuno yaitali, zala zisanu ndi mano osongoka ndi maonekedwe akale kwambiri a nyama zoyamwitsa, amene analipo madinosawo asanathe zaka 66 miliyoni zapitazo. Mabanja ambiri osiyana a nyama anangowasunga. Nyama ziwiri zikafanana pa chinthu chimene makolo a onse anali nacho, sizikutanthauza kuti ndi zapachibale chapafupi. Chibale chimaoneka pa chinthu chatsopano chimene awiriwo okha ali nacho, monga nsagwada ya malo awiri olumikizira ija. Palinso kufanana kobwera chifukwa cha ntchito yofanana: aliyense wokumba pansi amathera pa timaso tating'ono ndi manja amphamvu, kaya anachokera kuti.

Pa tebulo mungawasiyanitse motere. Sakhwi ali ndi mabowo aakulu a maso, fupa la patsaya lathunthu ndi timatumba ta makutu totukumuka. Tenrec wamng'ono wa gulu la Microgale amafanana ndi swiswiri mpaka kusowa fupa la patsaya, koma mano ake otafunira ali ndi chilembo V m'malo mwa W. V yekhayo asakupusitseni, chifukwa solenodon, yemwe ndi mbale weniweni wa swiswiri, nayenso ali ndi V. Mfuko wa Talpidae ali ndi W komanso fupa la patsaya lopyapyala koma lathunthu, ndipo wa ku Ulaya ali ndi mano 44. Mfuko wa mano awiri aakulu otulukira kunja kwa mlomo, wa banja la Bathyergidae, ndi wa gulu la mbewa. Chigaza cha mleme wodya tizilombo, chomwe chimapezekanso m'zolavula za kadzidzi, chili ndi W koma ndi chachifupi ndipo chili ndi mano aatali obayira ngati a galu. Antechinus wa ku Australia, amene amalera ana ake kunja kwa mimba ngati kangaroo, ali ndi timano takutsogolo tinayi mbali iliyonse pamwamba ndi titatu pansi.

M'gulu la Eulipotyphla, mzere woyamba kupatuka ndi wa solenodon, zaka zoposa 70 miliyoni zapitazo, ndipo lero watsala pazilumba za Cuba ndi Hispaniola, ku Caribbean, basi. DNA imaonetsa kuti swiswiri ali kufupi ndi kanungu kuposa mfuko wa Talpidae, ngakhale maso anganene zosiyana. Mafupa akale kwambiri a banja la aswiswiri, monga a Domnina, anapezeka ku North America m'miyala ya zaka pafupifupi 45 miliyoni. Ku South America anafika mochedwa, gulu limodzi lokha la Cryptotis, mtunda wa Panama utalumikiza makontinenti awiriwo zaka pafupifupi 3 miliyoni zapitazo.

Anthu ena amalemba kuti swiswiri ndi kanyama kotsalira, kosasintha chiyambire kale. Umboni sukugwirizana nazo. Scutisorex somereni wa m'nkhalango za Congo, Uganda ndi Rwanda ali ndi mafupa a msana a cham'chiuno 10 kapena 11 olukanalukana, pomwe nyama zambiri zoyamwitsa zili ndi asanu kapena kupitirira pang'ono osalukana, ndipo mtundu wachiwiri, Scutisorex thori, unalembedwa mu 2013. Neomys ali ndi titsitsi tolimba m'mphepete mwa mapazi tomuthandiza kusambira. A Sorex ndi Blarina amatulutsa timawu tapamwamba n'kumamvera mmene tikubwerera kuti adziwe zimene zili patsogolo. Sorex araneus yekha ali ndi magulu oposa 70 osiyana kakonzedwe ka makromozomu (timitolo ta DNA ta m'maselo), ndipo m'malire mwa magulu amenewa asayansi amaonerapo mmene mitundu yatsopano imayambira. Crocidura ali ndi mitundu pafupifupi 200, kuposa gulu lina lililonse la nyama zoyamwitsa, ndipo mu 2021 mitundu 14 yatsopano inalengezedwa nthawi imodzi kuchokera pachilumba cha Sulawesi ku Indonesia.

N'chifukwa chake swiswiri wakufa amene mwatola m'njira ndi wofunika kumusunga bwino, makamaka ngati ndi Crocidura, popeza dzina la mtundu wake nthawi zambiri limatsimikizika ndi DNA. Amaola msanga, pakangotha maola ochepa ubweya wapamimba umayamba kusosoka, ndiye fulumirani. Muyezeni, mumujambule pamsana, pamimba ndi mchira pafupi ndi rula, kenako dulani kamnofu kapantchafu kapena kachiwindi konga njere ya mpunga, muike m'kabotolo ka ethanol (mowa wosungira zinthu) wa 95 peresenti wochuluka kakhumi kuposa kamnofuko. Tsiku lotsatira sinthani ethanolyo, chifukwa madzi otuluka m'mnofu amamusungunula. Formalin, mankhwala ena osungira matupi, amaononga DNA, musamugwiritse ntchito pa kamnofu kameneka. Thupi lotsalalo lichekeni pang'ono pamimba kuti mankhwala alowe, mulisunge mu ethanol wa 70 peresenti. Kabotolo, thupi, chigaza ndi zithunzi zikhale ndi nambala imodzi. Pa kapepala kolimba lembani nambalayo, tsiku, malo enieni ndi manambala a GPS, mtundu wa zomera za pamalopo ndi miyeso isanu ija, ndipo kapepalako mukaike m'kati mwa botolo momwemo. Lembani ndi pensulo, chifukwa inki imasungunuka mu ethanol.